Mphini Zimene Ndinatema pa Bondo la Mwanida

Ndine nkhalamba tsopano, ndipo pali nkhani imene ndakhala nayo zaka zambiri osaifotokoza bwinobwino ngakhale kwa ana anga omwe. Mwana wanga woyamba, Mwanida, anamwalira asanakwanitse zaka khumi ndi zisanu, ndipo munthu amene anamutsekera njira ya kuchipatala pa nthawi imene akanathandizika ndine bambo wake. Sindinkamuda. Ndinkamukonda kwambiri mwana ameneyu. Koma ndinali ndi kanzeru kamodzi m'manja mwanga, ndipo kanzeru kameneko ndinakaika patsogolo pa moyo wake. Inu owerenga, makamaka inu amene muli ndi ana, ndipirireni ndikufotokozereni mmene zinayendera.

Kwathu kwenikweni ndi cha ku Katete. Ndinabwera kudzakwatira pamudzi wina kufupi ndi Kacholola, ku Nyimba, masiku amenewo boma lathu lili ku Petauke. Monga mwa mwambo ndinamanga nyumba kwao kwa mkazi wanga. Amene anakhalapo mkamwini akudziwa mmene zimakhalira. Umalima munda wa eni, umabereka ana a eni, ndipo nkhani za pamudzi umazimva zitatha kale. Abale a mkazi wanga ndi Ansenga, ndipo ankandiseka ngakhale kalankhulidwe kanga, poti iwo bambo ake a mwana amati awisi, mawa amati mailo, tsopano amati lomba.

Chimene chinandipatsa ulemu pamudzipo ndi lumo. Bambo anga ankatema mphini, ndipo anandiphunzitsa ndili mnyamata. Tinkawotcha mizu ina, kuipera mpaka ikhale ufa wakuda, kutema timizere ting'onoting'ono pamalo powawa ndi kutikitirapo ufawo. Pakakhala potupa tinkayamba talumika ndi kanyanga kuti magazi oipa atuluke. Lamulo la bambo anga linali lakuti nthenda ya m'mafupa uziitema chakumtunda kwake, kuti ithawire m'munsi ikatulukire ku zala za kumapazi. Odwala anga ambiri anali okalamba, aja mawondo awo amalira akamadzuka pamphasa. Ndikawatema ankati pakupepuka, n'kundibweretsera nkhuku kapena lichero la mtedza. Anthu amene ankandiseka aja anayamba kundipatsa mpando ndikafika. Ndikuuzeni zoona, ulemu umenewo unandikwera kumutu.

Zimene ndikukambazi zinachitika m'zaka za Chitaganya, azungu akulamulabe dziko lathu. Mwanida anali ndi zaka khumi ndi ziwiri, mtsikana wamtali, wothamanga, wosatha kukhala pansi. Kusukulu ankapita mothamanga, pobwera mothamanganso, mpaka amake ankamukalipira kuti adzagwetsa mtsuko tsiku lina. M'nyengo yozizira, titamaliza kukolola, anadwala pakhosi. Ankavutika kumeza ndipo thupi linatentha masiku atatu. Amake anamupatsa madzi ofunda a mchere kuti azichukucha, pakhosipo panapola, ife n'kuiwala. Ndi mwana uti amene sadwala pakhosi kukazizira?

Patapita masabata ngati atatu, m'mawa wina Mwanida analephera kudzuka. Bondo lake lakumanja linali litatupa, khungu lake likunyezimira, ndipo nditaikapo dzanja linali lotentha ngati m'mbali mwa mphika umene wangochoka pamoto. Thupi lonse linali lotenthanso. Ngakhale bulangete likangokhudza bondolo ankalira. Ndinamufunsa ngati anagwa, anakana. Ndinayang'ana ngati panali bala kapena munga, panalibe. Bondo lotere ndinali ndisanalionepo, pakuti mawondo a okalamba amene ndinkatema sankatentha chonchi ndipo eni ake sankakhala ndi malungo. Mumtima ndinadabwa, koma pakhomo panali patadzaza kale anthu, onse akuyang'ana ine. Ndinatenga lumo.

Ndinatema mizere iwiri chakumtunda kwa bondolo, amake atamugwira manja. Mwana analira koma sanakane, chifukwa ankadziwa kuti bambo ake amachiritsa anthu. Patapita masiku atatu bondo lija linazizira, kutupa kunachepa, ndipo tsiku lomwelo kakolo wa mwendo wakumanzere anayamba kutentha. Inu owerenga, mukanandiona tsiku limenelo. Ndinayenda m'mudzi monse ndikuuza aliyense kuti nthenda yatsika monga ananenera bambo anga, yatsala pang'ono kutuluka. Zoti yatsikira mwendo wina, osati umene ndinatema, sindinazilabadire. Ndinatemanso pamwamba pa kakolo, ndipo nayenso anazizira patapita masiku ochepa.

Kenako kutentha kuja kunatulukira pachigongono. Apa nzeru ya bambo anga inali itandithera, pakuti nthenda yotuluka ku zala za kumapazi ikafuna chiyani kumkono? Mkazi wanga anaona zimenezi. Anandiitanira kuseri kwa nkhokwe n'kunena motsitsa mawu kuti, "Awisi Mwanida, iyi nthenda sichoka, iyenda chabe." Ndinamuyankha kuti yapanikizika, ikusowa kothawira, ndipo kuti nkhani za mankhwala azisiyira eni ake. Ndinatemanso pachigongono. Kunena zoona ndinayamba kusangalala nako kuthamangitsanako, pakuti paliponse pamene ndinatema pankazizira, ndipo anthu ankaona ndi maso awo.

Masiku omwewo kunabwera alamu anga aSakala, mchimwene wa mkazi wanga. Iwo ankagwira ntchito yothandiza madokotala pachipatala china ku migodi, ndipo anabwera kudzapuma masabata awiri. Atangofika anapita kukaona Mwanida, mwana wa mlongo wawo. Anamugwira pamkono nthawi yaitali, anaika khutu pachifuwa pake, n'kufunsa ngati mwanayo anadwalapo pakhosi posachedwa. Amake atavomera, nkhope ya aSakala inasintha. Anandiitana pambali mwaulemu, poti anali munthu wofatsa.

"Alamu, nthenda iyi naiona kambili ku nchito," anatero. "Iyenda yeka, muteme musateme. Mawondo azapola, koma mtima wa mwana uyu uthamanga monyanya. Mailo m'mawa nimutenge pa njinga, tikakwele lole pa Kacholola, tipite ku chipatala."

Mwa mwambo wa kumeneko malume ndiye mwini mbumba. Akanafuna akanangomutenga mwanayo osandifunsa, ndipo palibe akanawaletsa. Anandifunsa chifukwa chondilemekeza. Koma ine m'mawu awo onse ndinangomva chinthu chimodzi, choti muteme musateme. Ndinaona kuti mwana akakwera loleyo, mudzi wonse udziwa kuti lumo langa lalephera pa mwana wanga yemwe, ndipo ndibwerera kukhala mkamwini wamba.

Chimene ndinachita pamenepo ndicho chimandichititsa manyazi kuposa mphini zonse. Masiku amenewo anthu sankakhulupirira chilichonse chochokera kwa azungu. Kunkamveka mphekesera zambiri, zina zoti jakisoni amaika mankhwala oletsa atsikana kubereka kuti anthu akuda tithe. Ineyo mphekesera zimenezi sindinkazikhulupirira kwenikweni. Koma madzulo a tsikulo, abale atasonkhana pakhomo kudzamva za ulendowo, ndinaimirira n'kufunsa mokweza kuti alamu anga amadya za ndani ku migodiko, nanga akufuna kukamubayitsa jakisoni wanji mwana wamkazi amene akuchira kale. Sindinawonjezere china. Azakhali a mkazi wanga anayamba kulira, ena anayamba kung'ung'udza, ndipo pofika m'mawa panalibe mmodzi wovomereza ulendowo. Munthu wofuna kupulumutsa mwana wanga ndinamusandutsa wogulidwa ndi azungu pamaso pa abale ake.

ASakala anafupikitsa tchuthi chawo. Tsiku lonyamuka anauza mlongo wawo, ine ndikumva, kuti ngati takana chipatala, mwanayo agone masabata ambiri ngakhale aoneke ngati wachira, asatunge madzi, asasinje, asathamange. Anabwereza kawiri, n'kukwera njinga.

Ndipo Mwanida anachiradi. Pasanathe mwezi mfundo zonse zinazizira, thupi linasiya kutentha, anayamba kudya ndi kuseka. Bondo lija linabwerera mwakale, lopanda chilema chilichonse kupatula zipsera za mphini zanga. Mbiri inapita kutali. Anthu anayamba kubwera kuchokera ku Luembe ndi ku Ndake, atamva kuti kuli munthu amene anathamangitsa nthenda mfundo ndi mfundo mpaka inathawa, adokotala a ku migodi atagonja.

Zoti mwana agone ndinaziona ngati chipongwe cha alamu anga. Mwana wogona ndi mwana wodwala, ndipo ine ndinkafuna anthu aone mwana wochira. Odwala akafika kuchokera kutali ndinkamuitana Mwanida, kuwaonetsa zipsera, kenako n'kumuuza kuti athamange akakhudze mtengo wa mango umene unali kumapeto kwa mudzi abwere. Ankathamanga, chifukwa ankanyadira bambo ake. Pobwera ankakhala pansi akupuma mwawefuwefu, milomo itatuwa, ine ndili kalikiliki kucheza ndi alendo. Dzuwa litakula chitsime cha pafupi chinauma, ndipo azimayi ankakatunga madzi kutali, mumchenga wa mtsinje. Amake ankafuna kuti Mwanida azitsala, koma ine ndinati apite ndi anzake. Ndinamva kuti panjira ankatula mtsuko kawiri katatu kuti apume. Ndinati ndi ulesi umene anauzolowera pogona.

Kuzizira kutabweranso chaka chotsatira, anadwalanso pakhosi, ndipo mawondo onse awiri anatentha. Ndinatema monga kale. Mawondo anazizira monga kale. Koma ulendo uno mwana sanadzuke. Mapazi anayamba kutupa, kutupako kunakwera mpaka m'miyendo, ndipo akayenda kuchoka pakhonde kufika pankhokwe ankaima kugwira chipupa. Sankatha kugona chagada, ankapuma bwino atakhala tsonga atatsamira thumba la chimanga. Ukayang'ana pachifuwa pake unkaona mtima ukugunda pansi pa diresi.

Mkazi wanga sanandifunsenso. M'mawa wina ndinapeza atamanga kale kamtolo, atabwereka njinga kwa aneba. Anandiyang'ana n'kunena kuti, "Lomba nimupeleka mwana wanga. Mukafuna tiyeni, mukakana khalani." Ndinakankha njingayo ndine mpaka pa Kacholola, Mwanida atakhala pakaliyala, amake atamugwira kumbuyo. Tinadikira pamsewu mpaka masana, ndipo lole yonyamula katundu inatitenga kupita kuchipatala cha amishoni kumbali ya Petauke.

Adokotala anamupima nthawi yaitali. Atatha, bambo wina wachikulire amene ankawathandiza ndi kumasulira anatikhazika pabenchi panja n'kutifotokozera m'chinenero chathu. Anati bondo limatentha pa zifukwa zosiyanasiyana. Lina limatentha chifukwa munthu wagwa kapena wabinya. La okalamba limawawa chifukwa mafupa aperepeseka ndi ntchito, ndipo nthawi zina limafunda pang'ono. Lina limalowa tizilombo n'kuchita mafinya mkati, ndipo limeneli limatha kuwonongeka m'masiku ochepa likapanda kuthandizidwa. Koma nthenda ya Mwanida, anati, imagwira ana, imayambira pa zilonda za pakhosi, ndipo imadziwika chifukwa imasamuka mfundo ndi mfundo. Pamfundo iliyonse imakhala masiku ochepa n'kuchoka yokha osasiya chilema. Pamene imasiya chilema ndi mumtima, pa tizitseko timene timatseguka ndi kutseka magazi akamadutsa, ndipo nthawi iliyonse ikabweranso imawonjezera kuwononga. Anati Mwanida akanabwera ulendo woyamba akanamubaya jakisoni wa penisilini, kumupatsa mapiritsi oziziritsa mfundo, kumugoneka masabata ambiri, ndi kupitiriza kumuteteza kuti isabwerenso. Tsopano akanangomuchepetsera kutupa ndi kumuthandiza kupuma, koma tizitseko tija panalibe wotikonza.

Mawu onsewa ndinali nditawamva kale chaka chathunthu chapitacho, pakhomo panga, kuchokera kwa alamu anga. Ndinakhala pabenchipo osatha kuyang'ana mkazi wanga.

Titalowa mkati, bambo uja anali akumukonzera Mwanida pogona, ndipo anaona zipsera zakuda pamawondo, pakakolo ndi pachigongono. Anafunsa, osati mokalipa, kuti anatema ndani. Anayankha ndi Mwanida, mawu akudukaduka, koma akumwetulira. "Ni atata. Ndiye ananipoletsa mawondo." Bamboyo anandiyang'ana pang'ono, n'kupitiriza kuyala nsalu.

Anakhala m'chipatala miyezi iwiri. Kutupa kunachepa, tinabwerera naye kumudzi ndi mankhwala, ndipo tinkapita naye kukabayitsa monga anatiuzira. Nthawi imeneyo ndinkamvera chilichonse, koma kumvera kwanga kunali kutachedwa. Kusukulu sanabwererenso. Mtsikana uja wosatha kukhala pansi ankangokhala pakhonde, akusenda mtedza ndi kuyang'ana anzake akusewera. Anakhala choncho chaka ndi miyezi ingapo, akumapezako bwino, akumafookanso. Ine lumo ndinalisiya. Odwala akabwera ndinkawauza kuti mizu yandithera, chifukwa ngakhale pamenepo sindinkafuna kunena poyera kuti ndinalakwa.

Sabata yake yomaliza mvula inali itayamba. Masana ena amake atapita kumunda wa pafupi, ndinakhala naye pakhonde ndikumukupiza ndi lichero, popeza mpweya unkamuchepera. Anandigwira dzanja n'kuliika pachifuwa pake, pamene mtima unkagunda mosalongosoka.

"Atata, ili apa lomba," anatero. "Temani apa, ithawe monga inathawila pa bondo."

Inu owerenga, ndakumana ndi zowawa zambiri pamoyo wanga, koma palibe chimene chinandilasa ngati pempho limenelo. Mwanayo sankadziwa chimene ndinamuchita. Ankaganiza kuti chipatala ndicho chalephera, ndipo bambo ake akungochedwa kutenga lumo. Ndinamuuza kuti ndikafuna mizu yake mvula ikakata. Anagwedeza mutu, n'kutseka maso, atakhutira. Anamwalira patapita masiku anayi, dzuwa likutuluka, atatsamira amake.

ASakala anafika maliro ataikidwa kale, pakuti uthenga unachedwa. Ndinkayembekezera kuti anditukwana kapena andithamangitsa pamudzi, ndipo akanatero sindikanatsutsa. Anangondipatsa moni, n'kukhala nane pansi, tinalira. Tsiku lometa ndinaimirira pamaso pa abale omwe aja n'kunena kuti zimene ndinawanenera alamu anga zinali zabodza, kuti ndinkadziwa kuti ndi zabodza pamene ndinkazinena, ndiponso kuti nthenda ija sindinaithamangitsepo ngakhale kamodzi. Ena anandikhululukira, ena anamwalira osandilankhulanso bwino. Mkazi wanga anakhala nane mpaka imfa yake, tinaberekanso ana ena, koma dzina la Mwanida sitinkalitchula tili awiri.

Tsopano ndikupempheni, inu amene mwawerenga mpaka pano. Mwana akadwala pakhosi thupi n'kutentha, musamati ndi kuzizira chabe, kamuonetseni kuchipatala, ndipo mankhwala amene angakupatseni amalize onse. Bondo kapena mfundo ina iliyonse ikatupa n'kutentha, makamaka munthuyo akakhala ndi malungo kapena akalephera kuponda, pitani naye tsiku lomwelo, kaya ndi mwana kaya ndi wamkulu. Simungadziwe ndi maso ngati mkatimo muli mafinya kapena ayi. Musatemepo, musalumikepo, pakuti bala limangotsegulira njira tizilombo tina. Ndipo kutentha kukachoka pabondo n'kutulukira pena, musasangalale monga ndinasangalalira ine. Fulumirani, chifukwa mwina nthendayo yafika kale pamtima. Akakuuzani kuti mwana agone, agone ndithu, ngakhale akuoneka wamphamvu ndipo ntchito zachuluka pakhomo.

Kwa inu amene anthu amakudalirani chifukwa mumadziwa kanthu, kaya ndi mankhwala kaya ndi china, ndili ndi mawu amodzi. Tsiku limene mwaika dzanja pa wodwala n'kumva mumtima kuti ichi sindinachionepo, nenani pompo, anthu akumva. Ine ndinamva choncho m'mawa woyamba uja ndipo ndinakhala chete, chifukwa ndinkaopa kusekedwa. Akanandiseka sabata imodzi kapena ziwiri, ndipo mwina lero bwenzi ndili ndi zidzukulu za Mwanida.

Mwana wanga anapita akukhulupirira kuti bambo ake anamuchiritsa mawondo, ndipo ine sindinalimbe mtima kumuuza zoona ali moyo. Kwa iye ndinachedwa, ndiye chifukwa chake ndakuuzani inu.